Chuma chikukula, nanga anthu akulowerenji mumsewu?

Mayi wina amene amaphunzitsa kusekondale watitumizira imelo yokhala ndi funso ili: "Pa nkhani tinkamva kuti chuma cha mayiko ngati Ghana, Kenya, Bangladesh ndi Sri Lanka chikukwera chaka ndi chaka. Tsono zikutheka bwanji kuti m'mayiko omwewo anthu amachita zionetsero, ena mpaka kuthamangitsa mtsogoleri wawo? Manambala aja ndi abodza, kapena anthu ndi osayamika?"

Mayi, manambalawo nthawi zambiri amakhala oona ndithu. Kungoti amayeza chinthu china, pamene munthu wamba amayeza zomwe zatsala m'thumba mwake pakutha pa mwezi.

Akamati chuma chakula ndi 5 peresenti, amatanthauza GDP, mtengo wa katundu ndi ntchito zonse zomwe dziko lapanga pa chaka. Choyamba muchotsepo kuchuluka kwa anthu. Ngati chiwerengero cha anthu chikukwera ndi 3 peresenti, munthu aliyense watsala ndi 2 peresenti basi. Pali kachiwerengero kosavuta komwe mungaphunzitse ngakhale ana a m'kalasi mwanu: gawani 70 ndi nambala imeneyo, mupeza zaka zomwe zingatenge kuti zopeza za munthu ziwirikize kawiri. Pa 2 peresenti ndi zaka 35. Pa 6 peresenti ndi zaka pafupifupi 12. Wachiwiriyu amaona kusintha ndi maso ake ana asanamalize sukulu, pomwe woyambayo amakalamba akumangomva pa wailesi kuti zinthu zikuyenda bwino.

Kenaka mufunse kuti chumacho chikukulira kuti. Mgodi kapena chitsime cha mafuta chimakweza GDP msanga koma chimalemba anthu ochepa, chifukwa ntchito yambiri imagwiridwa ndi makina. Achinyamata omaliza sukulu amangoyendayenda ndi masatifiketi. Ku Bangladesh, dziko lomwe linkatamandidwa chifukwa cha mafakitale osoka zovala, zionetsero za 2024 zinayambira pa mkangano wa kagawidwe ka ntchito za boma, ndipo mu Ogasiti chaka chomwecho nduna yaikulu Sheikh Hasina anathawa m'dzikomo atalamulira zaka zoposa 15 motsatizana.

Koma chomwe chimagwetsa maboma ambiri ndi ngongole ya m'madola, ndiye tifatsirepo pamenepa.

Boma likafuna kumanga misewu ndi malo opangira magetsi, limakongola kunja, nthawi zambiri pogulitsa ma Eurobond, zikalata za ngongole ya boma za m'ndalama yakunja, kwa anthu ndi makampani omwe amafuna chiwongoladzanja chokwera. Ngongoleyo ibwezedwa m'madola, pomwe msonkho boma limatolera m'ndalama ya dziko lakelo. Tiyerekeze kuti lakongola madola 1 biliyoni pa 8 peresenti. Chiwongoladzanja ndi madola 80 miliyoni pa chaka. Dola imodzi ikamagulidwa ndi ndalama 10 za dzikolo, boma likufunika kutolera 800 miliyoni. Ndalamayo ikagwa mphamvu mpaka 15 pa dola, boma likufunika 1.2 biliyoni, osakongolanso kenakalikonse. Ndalama zowonjezerazo zimachotsedwa ku mankhwala, ku malipiro a aphunzitsi ndi kokonza misewu yomwe ija.

Zikafika apa, madola osungidwa ku banki yaikulu amayamba kuphwa. Akatswiri amati dziko lizikhala ndi madola okwanira kugula katundu wakunja kwa miyezi itatu. Akatsika kuposa pamenepo, atsogoleri ambiri amalakwitsa mofanana: amalamula banki yaikulu kuti igwire mtengo wa dola pamalo amodzi, poopa kuti zinthu zikwera mtengo chisankho chili pafupi. Madola amasowa m'mabanki n'kupezeka pa msika wamseri pa mtengo wokwera. Wogulitsa katundu kunja amabisa madola ake kunja komweko, poti akabwera nawo awasinthitsa motchipa. Odziwana ndi akuluakulu amagula madola a m'banki motchipa n'kukagulitsa kumseri, phindu osatulutsa thukuta. Mapeto ake makampani a mafuta, a feteleza ndi a mankhwala amalephera kulipira owagulitsa, ndipo mizere imayamba.

Mu 2022 banki yaikulu ya ku America inayamba kukweza chiwongoladzanja kuchoka pafupi ndi 0 mpaka kupitirira 5 peresenti pofika pakati pa 2023, ndipo obwereketsa anathamangira komweko. Mayiko omwe ankabweza ngongole yakale pokongola yatsopano anapeza chitseko chotseka. Zambia inali italephera kale mu Novembala 2020 kulipira madola 42.5 miliyoni a chiwongoladzanja. Sri Lanka inatsatira mu 2022, Ghana mu Disembala 2022, Ethiopia mu Disembala 2023.

Ya Sri Lanka imaonetsa bwino momwe ndale zimakankhira chuma kuphompho. Kumapeto kwa 2019 boma latsopano la Gotabaya Rajapaksa linatsitsa VAT kuchoka pa 15 kufika pa 8 peresenti, pokwaniritsa lonjezo la kampeni. Posakhalitsa Covid-19 inatseka njira ya alendo okaona malo, omwe ankabweretsa madola. Mu Epulo 2021 boma linaletsa feteleza wakunja mwadzidzidzi, zokolola za mpunga ndi tiyi zinatsika, lamulolo n'kuchotsedwa chaka chisanathe. Pofika 2022 anthu ankagona pa mzere wa mafuta masiku angapo, magetsi nthawi zina n'kumazima maola 13 pa tsiku. Mu Julayi khamu linalowa m'nyumba ya pulezidenti, ena n'kumasambira m'dziwe lake, mwini wake atathawa.

Boma likagogoda ku IMF, bungwe la padziko lonse lomwe limakongoza mayiko ovutika pa chuma, mankhwala ake amadziwika kale: kwezani msonkho, chotsani sabuside, lekani kugwira mtengo wa dola. Pa pepala mfundozi zili ndi nzeru. Sabuside ya mafuta, mwachitsanzo, imapindulira kwambiri olemera, poti ndi amene ali ndi magalimoto ndi majenereta. Koma ululu wake umabwera tsiku lomwelo, kudzera pa mtengo wa basi ndi wa chakudya, pamene phindu lake limaoneka patatha zaka ziwiri kapena zitatu, ngati ndalama zopulumutsidwazo sizibedwa. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno. Kwa munthu wosauka wa mumzinda, mafuta otchipa mwina ndi chinthu chokhacho cha boma chomwe amachikhudza ndi manja, ndiye mukamuuza kuti asinthanitse ndi lonjezo la chipatala chabwino mtsogolo, ali ndi chifukwa chokanira. Ndipo iyeyo amakhala pafupi ndi nyumba ya malamulo, mosiyana ndi mlimi wa kutali.

Ku Nigeria, mu Januwale 2012, boma la Goodluck Jonathan linachotsa sabuside, lita ya petulo n'kukwera kuchoka pa 65 naira kufika pafupifupi 141. Dziko linaima ndi sitalaka, boma n'kubwerera pa 97. Mu Meyi 2023 pulezidenti watsopano Bola Tinubu analengeza tsiku lomulumbiritsa kuti sabuside yatha, mtengo unakwera pafupifupi katatu, ndipo mwezi wotsatira naira inasiyidwa kuti igwe. Zonse ziwiri zinagwera anthu pamutu nthawi imodzi, thandizo lisanakonzeke. Ku Kenya, pa 25 Juni 2024, achinyamata okwiya ndi misonkho yatsopano analowa m'nyumba ya malamulo, anthu anafa, ndipo pulezidenti William Ruto anakana kusainira lamulolo.

Alipo omwe anawoloka osagwa, ndipo chomwe anasamala ndi dongosolo la zoyamba ndi zotsatira. Mu Okutobala 2005 Indonesia inakweza mitengo ya mafuta kuposa kawiri, koma nthawi yomweyo inayamba kupereka ndalama pamanja kwa mabanja osauka pafupifupi 19 miliyoni. Anthu anadandaula, boma silinagwe. Kumayambiriro kwa 2015 pulezidenti wa dzikolo Joko Widodo anachotsa sabuside ya petulo pa nthawi yomwe mafuta anali atagwa mtengo padziko lonse, moti ambiri sanamve kuwawa kwenikweni. Ku Iran mu 2010 ndalama zinaikidwa m'maakaunti a anthu mitengo isanakwere, aliyense n'kumaziona kuti zilimo. Pambuyo pake kukwera mitengo kwa zinthu kunazidya mphamvu ndalamazo, koma tsiku losintha mitengolo linadutsa mwabata.

Tsono boma lofuna kuchotsa sabuside liyambe ndi kaundula wa mabanja osauka, zomwe zimatenga miyezi yambiri ndipo ndi pomwe andale amalowetsapo mayina a owatsatira. Ndalama yoyamba ifike pafoni kapena mu akaunti mtengo usanasinthe. Likweze mitengo pang'onopang'ono, lisaphatikize ndi kugwetsa ndalama mwezi umodzi ngati lingathe kupewa. Lisindikize poyera kuti lapulumutsa zingati ndipo zapita kuti. Komanso, izi ndi zomwe maboma ambiri amazemba, nduna ziyambe ndi kudula maulendo ndi magalimoto awo. Pa bajeti ndalama zimenezo ndi zochepa, tikudziwa, koma munthu savomera kuvutika akuona womuuzayo akudutsa ndi mdipiti wa magalimoto.

Mudzamva ena akunena kuti zonsezi zimafuna mtsogoleri wankhanza ngati Park Chung-hee wa ku South Korea. Ife sitikugwirizana nazo. Mobutu analamulira Zaire (lero ndi DR Congo) ndi nkhanza kuyambira 1965 mpaka 1997 n'kusiya dziko lili chiphwasu, pomwe Botswana ndi Mauritius zinatukuka zikuchita zisankho. Chomwe chinathandiza South Korea ndi Taiwan n'chakuti cha m'ma 1950 anagawa minda kwa alimi wamba, choncho chuma chitayamba kukula chinapeza anthu ambiri ali ndi poyambira. Boma la Korea linkaperekanso ngongole zotchipa kwa makampani pa lamulo loti agulitse kunja, wolephera ankamanidwa. Vietnam italola alimi kugulitsa zokolola zawo pambuyo pa kusintha kwa mfundo za chuma kwa 1986, pofika 1989 inali itayamba kugulitsa mpunga wambiri kunja. M'mayiko ambiri ngongole zotchipa ngati za ku Korea zija zimapita kwa othandiza chipani, ndipo palibe wowafunsa kuti agulitsa chiyani.

Mukamamva za dziko lililonse, mayi, siyani kaye GDP mufufuze manambala ena. Madola osungidwa akukwana miyezi ingati? Mtengo wa dola m'banki ndi wa kumseri zikusiyana bwanji? Msonkho wonse ukufika 15 peresenti ya GDP, mulingo womwe IMF ndi World Bank amati pansi pake boma limavutika kugwira ntchito zake? Ndipo pa ndalama zonse zomwe boma latolera, zingati zikuthera ku chiwongoladzanja chokha? Nambala yotsirizayi imapezeka m'bajeti ya chaka chilichonse. Ku Sri Lanka inali itadutsa kale magawo awiri mwa atatu mu 2020, mizere ya mafuta isanayambe.