Ogwira ntchito atseka geti, kodi apolisi angandithandize?

Ndalandira imelo kuchokera kwa bambo ena aku Kasungu omwe ali ndi shedi yogulira ndi kusankhira soya ndi mtedza chapafupi ndi msewu wa M1. Akuti anyamata onyamula matumba ndi amayi osankha mtedza anyanyala ntchito pa nkhani ya ovataimu, akhala pa geti, ayikapo miyala ndi chipika moti lole yodzaza kale yagona mkati. Atapita ku polisi anauzidwa kuti zimenezo ndi za ku leba. Ndiye akufunsa kuti kodi kuteteza bizinesi yawo si ntchito ya apolisi?

Achimwene, apolisi aja sananame, kungoti sananene zonse. Pa geti panupo pali nkhani ziwiri ndipo inu mwaziphatikiza.

Yoyamba ndi ya ndalama zija. Imeneyo wapolisi alibe nayo mphamvu ngakhale pang'ono, sangalamule munthu kuti bwerera ukanyamule matumba. Malamulo aakulu a dziko lino, gawo 31, amapatsa wogwira ntchito ufulu wolandira malipiro oyenera komanso wolowa yuniyoni, ndipo Labour Relations Act ya 1996 imalola sitalaka bola ndondomeko itsatidwe. Mkangano umayamba wakanenedwa ku unduna wa zantchito, pamakhala masiku 21 oyesa kuyanjanitsa mbali ziwirizo, zikakanika ndi pomwe amapereka chidziwitso cha masiku 7 asananyanyale. Kuyima pafupi ndi geti, kuyimba, kunyamula zikwangwani, kunyengerera anzawo mwamtendere kuti asalowe, zonsezo mupirire basi ngakhale zikukupwetekani mutu.

Yachiwiri ndi miyala ndi chipikacho. Kutseka njira, kuopseza dalaivala, kuphwanya loko, kumenya mnzawo yemwe wasankha kugwira ntchito, amenewo ndi milandu kaya pali sitalaka kaya palibe, ndipo apolisi akuyenera kubwera. Ndiye mukabwererako musakanene kuti "andinyanyalira, kawachotseni", ayi, kaneneni zomwe zachitika, tsiku, nthawi, nambala ya lole yatsekeredwayo, zithunzi za pa foni, mupemphe kuonana ndi ofisa in chaji ndipo muonetsetse kuti zalembedwa m'buku. Zikapitirira pezani loya akakutengereni chiletso ku Industrial Relations Court, kwa inu kufupi ndi ku Lilongwe, chifukwa wapolisi amayenda momasuka akakhala ndi pepala la khoti m'manja kusiyana ndi mawu a bwana okha.

Koma pali chinthu chimodzi chomwe chimandiwawa ndipo ndikupempheni musachite. Alipo mabwana omwe amathira mafuta galimoto ya polisi, kuwonjezerapo ya fanta, kuti apolisiwo abwere ndi utsi okhetsa misozi. Chimenecho ndi chiphuphu, mlandu wake ndi wanu, komanso taganizani omwe ali pa getiwo ndi ndani. Ndi mayi yemwe wakhala pa saka tsiku lonse lichero pamiyendo, fumbi la mtedza lili mbuu m'maso mpaka mu nsidze, mwana kumbuyo, ndipo alimi akakolola chaka chamawa mudzamufunanso yemweyo. Ku Kasungu kwanuko anthu akudziwa bwino za kugwira ntchito chaka chonse kenako osaona ndalama, za matenanti m'maesiteti a fodya zija, zomwe boma linachita kuthetsa ndi lamulo mu 2021, ndiye munthu akamva kuti "ndikupatsani ndikagulitsa" mtima umamuthawa. Simungamudabwe.

Mu imelo yanu simunanene ngati ovataimuyo ilipodi. Ngati ilipo, lipirani, Employment Act ya 2000 imati ovataimu ndi yolipidwa ndipo ku khoti komwe mukufuna chiletsoko akakufunsani zomwezo. Ngati mukuona kuti akukunamizirani tulutsani buku la maola muwerengere limodzi pamaso pa ofisa wa zantchito wa pa boma, muyitane atsogoleri awo atatu kapena anayi, osati gulu lonse. Dziwaninso kuti kusintha kwa lamulo kwa 2021 kunapatsa olemba ntchito mphamvu yodula malipiro sitalaka ikapyola masiku atatu pa chaka, koma musathamangire kuchotsa anthu ntchito kapena kubweretsa aganyu ena usiku musanafunse ku leba, mungadzalipire chipukuta misozi choposa ovataimu mukukanayo.

Mawa m'mawa yambirani ku ofesi ya leba, ku polisi mupite pobwerera mutatenga kalata yosonyeza kuti nkhani mwaitula kale.