Funsani Ankolo: kodi palm civet ndi fungwe wathu yemweyu?

Mwezi uno makalata atatu abwera pa nkhani imodzi, moti ndikukayika ngati eni akewo sakhala pa benchi imodzi, chifukwa onse akulimbana ndi tinyama tomwetomweto pa Wikipedia ya Chichewa. Ndawadulako pang'ono, malo achepa.

*Ankolo, ndine mtsikana wa ku Area 25, ndili ku koleji ndipo Loweruka timakumana ndi anzanga kumalemba nkhani pa Wikipedia ya Chichewa. Ine ndinatenga ya African palm civet, ndinailemba bwinobwino ndipo mutu wake ndinaika Fungwe chifukwa agogo anga ku Mitundu amatero akamanena za civet. Ndiye mnzanga wina wangobwera nkusintha mutuwo, waikapo dzina la Chilatini, ati fungwe ndi nyama ina. Zandibowa heve chifukwa Wikipedia yake ndi ya Chichewa osati ya Chilatini. Walakwa ndani apa?*

Mwana wanga, agogo ako sanalakwe ndipo mnzakoyonso sanalakwe, chatisokoneza tonse ndi Chingerezi chomwe chinatenga dzina limodzi nkulimwaza pa nyama zosiyanasiyana. Zili ngati mmene timanenera kuti uje ali ku Joni, chonsecho munthuyo ali ku Cape Town ndipo Johannesburg anangodutsamo pa basi ali mtulo.

Fungwe amene agogo ako amamudziwa, ena amati chombwe, ndi uja wamkulu ngati galu wapakatikati, wamawanga akuda, kumaso ngati wapakidwa makala, amayenda pansi usiku ndipo chimbudzi amachitira pamalo amodzimodzi mpaka pamakhala mulu wodzaza njere za zipatso ndi tizidutswa ta bongololo. Ukawafunsa agogowo za mulu umenewu akuuza ndithu. Ameneyo asayansi amati Civettictis civetta. Kanyama kamene walemba iweyo ndi kena, Nandinia binotata, kakang'ono ngati mphaka, makilo awiri kapena atatu basi, kabulawuni, kamchira kautali kamizeremizere, ndipo pamapewa pake pali timadontho tiwiri towala, nchifukwa chake anati binotata, kutanthauza zizindikiro ziwiri. Moyo wake ndi wa mmitengo, kudya zipatso usiku. Kuno kwathu kaliko inde, koma mnkhalango zowirira zamvula yambiri, osati mmunda mwa chimanga ku Mitundu.

Pomwe nkhani ikukoma ndi apa. Nandinia yu ali mbanja lakelake lotchedwa Nandiniidae, ndipo mbanjamo alimo yekha, alibe mbale. Wasayansi Reginald Pocock anamupatula kale mu 1929, ndipo atabwera oyeza DNA anapeza kuti anapatukana ndi anzake kalekale, amphaka, afisi ndi afungwe asanagawane njira. Pomwe ma palm civet a ku Asia ali mbanja la Viverridae limodzi ndi fungwe wa agogo ako. Ndiye kuti fungwe wa ku Mitundu ubale wake uli pafupi ndi kanyama ka ku Indonesia kusiyana ndi Nandinia amene ali naye dziko limodzi. Ukaika mutu wakuti Fungwe pa nkhani ya Nandinia, mwana wa Form 2 akamalemba homuweki atenga nyama ziwiri nkuzisoka kukhala imodzi, ndipo alemba molimba mtima chifukwa waziona pa intaneti.

Tsono panga chonchi. Mutu uusiye kaye pa Nandinia binotata, koma chiganizo choyamba chikhale Chichewa chomveka, chonena kuti ndi kanyama kotani, kamakhala kuti, ndipo pa Chingerezi amati chiyani. Pamwamba penipeni ika kamzere kouza owerenga kuti ngati akufuna fungwe apite ku nkhani ya Civettictis civetta, ndipo ngati nkhaniyo kulibe ndiye wapeza ntchito ya Loweruka likubwerali, dzina la agogo ako likakhale kumeneko komwe nkwawo. Ukadzapeza dzina la Chichewa la Nandinia mu dikishonale kapena mbuku la nyama za mMalawi, ndipo bukulo likusonyeza poyera kuti likunena kanyama ka madontho awiri kaja, usinthe mutu ndi batani la move kuti mbiri yonse ya amene analembapo isamukire limodzi ndipo dzina lakale litsale ngati redirect, cholondolera owerenga ku dzina latsopano. Osakopa nkhani yonse nkukaimata pa peji yatsopano, zimenezo zimafufuta dzina la aliyense amene anakhetsapo thukuta, kuphatikizapo lako.

Ndikudziwa chikukuwawa, chimandiwawanso ine, kuti mawu a agogo amene nyamazi anakula nazo sawerengedwa ngati umboni koma buku la munthu amene anangobwera kudzaona. Komanso tinene zoona, maina athu a tinyama ta usikuti amasinthana malinga ndi dera, wina akuti fungwe, wina mwili, wina vumbwe, onse akuloza chinthu chimodzi chomwe chagwira nkhuku mumdima ndipo palibe anachiona bwino. Kwera minibasi upite ku National Library ku City Centre, ukafunsenso anthu a ku Lilongwe Wildlife Centre amene nyama amazigwira ndi manja. Mnzako uja umulembere pa talk page, peji yokambirana za nkhaniyo, osabwezabweza zomwe wasintha, mungatopetsane chabe.

*Ankolo, ndine mphunzitsi wa Biology pa sekondale ina ku Kawale. Ndimafuna kukonza nkhani za ma palm civet kuti ana anga aziwerenga. Ndinaona kuti maina ena ali ndi mabulaketi, monga Paradoxurus hermaphroditus (Pallas, 1777), ena alibe, ndiye ndinachotsa onse kuti zifanane, koma mmawa mwake ndinapeza wina wabwezeretsa. Chinanso, malinki ambiri a mmunsi ukadina sakutsegula, bandulo kungothera pomwepo. Ndingowafufuta?*

Aphunzitsi, pepani, koma mabulaketiwo si zokongoletsa ayi, ali ndi ntchito, ndipo amene anabwezeretsayo mumugulire Fanta. Lamulo la maina a nyama limati dzina la munthu amene anaitcha nyamayo ndi chaka chake zikakhala mmabulaketi ndiye kuti nyamayo inasamutsidwa kuchoka mu jenasi (gulu lomwe limapereka dzina loyamba la maina awiriwo) yomwe anaiikamo poyamba. Peter Simon Pallas mu 1777 anaitchula Viverra hermaphrodita, pambuyo pake inapita ku Paradoxurus, nchifukwa chake Pallas ali mmabulaketi. Chimodzimodzi Nandinia binotata (Gray, 1830), poyamba anali Viverra binotata, jenasi ya Nandinia inadzabwera mu 1843. Wina woseketsa ndi Paguma larvata wa 1827, palm civet wina wa ku Asia, amene poyamba anamuika mu Gulo, gulu la chinyama cha kumaiko a chisanu chomwe sichimukhudza olo pang'ono. Koma taonani Paradoxurus jerdoni Blanford, 1885, uja wa ku mapiri a Western Ghats ku India. Alibe mabulaketi chifukwa pomwe anamuika ndi pomwe ali mpaka lero. Ndiye mukawachotsa onse mwafufuta mbiri ya nyamayo, mukawaika paliponse mwanama. Poti mwagwira kale choko, onaninso kuti dzina lili mu zilembo zopendekeka, loyamba likuyamba ndi chilembo chachikulu, lachiwiri chaching'ono olo litachokera ku dzina la munthu, jerdoni osati Jerdoni.

Ana anu adzakufunsani za hermaphroditus, ndiwadziwa ana a Form 3. Si kuti kanyamako nkakamuna ndi kakakazi nthawi imodzi, koma kuti onse awiri ali ndi timatumba ta fungo kunsi kwa mchira tooneka ngati zida za mwamuna, ndipo anthu oyambawo zinawasokoneza.

Za malinki akufa, musafufute. Linki ikafa sindiye kuti umboni wafa, zili ngati munthu wasamuka ku Chilinde kupita ku Area 36, mumafunsa komwe wapita, simulengeza maliro. Ambiri mwa amene akukuvutaniwo ndikhulupirira ndi a IUCN Red List, mndandanda wa padziko lonse wosonyeza ngati nyama ili pa chiopsezo chotha, chifukwa anakonzanso webusaiti yawo ndipo maadiresi akale ambiri anasiya kugwira. Lowani pa webusaiti yawo, lembani dzina la sayansi, osati la Chingerezi, mupeza lipoti la nyamayo ndipo iwo eni amakulemberani kale mmene mungalitchulire, maina a olemba, chaka, ndi nambala ya DOI, chizindikiro chosasintha cha lipotilo pa intaneti. Imeneyo ndiye muitenge chifukwa DOI imakulondolerani olo adiresi itasinthanso. Malinki ena ayeseni pa Wayback Machine ya Internet Archive, nthawi zambiri mupeza peji mmene inalili isanafe. Mabuku akalekale aja, a zaka za mma 1800, ambiri anajambulidwa ali pa Biodiversity Heritage Library, aulere, kungoti ndi olemera, dikirani WiFi ya ku sukulu.

Koma chimene ndimachiona kwambiri, ndipo nchoipa kuposa linki yakufa, ndi linki yamoyo yomwe sikunena zomwe chiganizo chikunena. Tsiku lina ndili pa foni kudikira magetsi ndinadina kanambala komwe kanali kumapeto kwa chiganizo chonena kulemera kwa Nandinia, nkupeza kuti kakunditengera ku lipoti la kanyama ka ku Asia. Winawake anakopa ndime ku nkhani ina, anasintha dzina la nyama, refelensi nkuisiya momwemo. Ukangoyang'ana pamwamba zonse zili bhobho, kanambala ka buluu kali pamalo pake. Ndiye refelensi iliyonse muitsegule, mufufuze chiganizocho, mukachipeza lembani nambala ya peji. Mukapanda kuchipeza ikani citation needed, kachizindikiro kopempha umboni, kapena chichotseni nkufotokoza chifukwa chake mu kabokosi ka summary. Samalaninso zaka. Lipoti la IUCN la Paradoxurus hermaphroditus ndi la 2016 ndipo limati Least Concern (sikali pa chiopsezo chotha), chaka chimenecho nchosiyana ndi tsiku lomwe inu mwaliwerenga, zonse ziwiri zili ndi malo ake. Ndipo musatenge Least Concern imeneyo nkuigawira banja lonse, Chrotogale owstoni wa ku Vietnam ndi Laos ali pa Endangered, kutanthauza kuti ali pa chiopsezo chotha.

Pena mupeza magwero abwinobwino akukangana okhaokha. Buku lomwe ambiri amatsamira, Mammal Species of the World la 2005, limawerenga golden palm civet wa ku Sri Lanka ngati mtundu umodzi, Paradoxurus zeylonensis. Mu 2009 wasayansi Colin Groves ndi anzake anati ayi, pali mitundu ingapo. Mu 2015 Géraldine Veron ndi anzake atayeza DNA anati ndi umodzi womwewo, koma nkunenanso kuti hermaphroditus ndi amene akuyenera kugawidwa patatu. Inuyo si a khoti kuti mugamule, lembani kuti uyu anati chakuti chaka chakuti, uyu anatsutsa chaka chakuti, aliyense ndi refelensi yake, mutu wa nkhani utsatire dzina lomwe IUCN ikugwiritsa ntchito.

*Ankolo, ine ndi wa ku Biwi, ndimakonza mafoni. Ndinawonjezera mu nkhani ya African palm civet kuti ndi amene amapanga khofi wodula uja komanso anayambitsa SARS, ndinaziona pa TikTok. Azichotsa pasanathe ola. Nsanje kapena?*

Aise, si nsanje, mwamunamizira mnzathu milandu iwiri yomwe sanapalamule. Khofi uja, kopi luwak, ndi wa ku Indonesia, ndipo luwak ndi dzina lawo la Paradoxurus hermaphroditus. Kamadya zipatso zakupsa za khofi, njere zimatuluka ndi ndowe, anthu nkutola, kutsuka, kukazinga. Masiku ano tambiri amatitsekera mmakola nkumatidyetsa khofi yekhayekha, zomwenso zikuyenera kulembedwa mu nkhani yake. Wa SARS, matenda a mmapapo aja, ndi wina, Paguma larvata uja wa nkhope yamizere yoyera, amene mu 2003 anamupeza ndi kachilomboko mmsika wa nyama zamoyo ku Guangdong, China. Ndipo olo iyeyo kunena kuti anayambitsa nkumulakwira, chifukwa pofika 2005 ofufuza anapeza kuti nkhokwe yeniyeni ya tizilombo ta mtundu umenewo ndi mileme, iye anangokhala ngati kondakitala wotidutsitsa. Nandinia wa ku Africa kunalibe konseko, ku khofi kapena ku msika.

Inu mumadziwa bwino kuti sikirini ya Tecno simungaikakamize pa Itel chifukwa choti onse ndi mafoni, mumayamba mwaona nambala ya modelo kuseri kwa batire. Dzina la sayansi ndiye nambala ya modeloyo. Mfundo zanuzo ndi zabwino, zipititseni ku nkhani zake, khofi kwa Paradoxurus, SARS kwa Paguma, ndi gwero lomwe munthu wina angatsegule nkuwerenga, TikTok siiwerengedwa. Ndaonanso chithunzi chomwe munaika pamwamba pa nkhaniyo, kanyama kali mkhola kakudya khofi wofiira mmbale ya pulasitiki. Nakonso nka ku Indonesia, kachotseni musanatseke shopu lero.