Alveolar: mawu a m'kamwa, a m'mapapo kapena a dzino?

Sabata yatha ndinalandira imelo kuchokera kwa mtsikana wina wa ku Mchinji amene akuphunzira zauphunzitsi. Dzina ndasunga, koma funso lake ndi ili:

"Bambo, tiweruzeni. M'kalasi anatiuza kuti t, d, n ndi s ndi maliwu a alveolar. Nditapita kumudzi pa holide, achimwene anga amene akuphunzira unamwino anandiseka, amvekere alveolar ndi za m'mapapo, sizikhudzana ndi malembo. Mwezi womwewo amayi anakazulitsa dzino, bala linavuta, ndipo m'kabuku kawo ka kuchipatala munalembedwa kuti alveolar osteitis. Mutu wanga wabalalika. Akulondola ndani?"

Achemwali, palibe wanama pamenepa. Aphunzitsi anu, achimwene anuwo ndi adokotala amene analemba m'kabuku ka amayi, onse agwiritsa ntchito mawuwa moyenera. Chimene chakusokonezani n'chakuti aliyense wakupatsani nthambi yake, palibe wakuonetsani tsinde.

Tsinde lake ndi Chilatini. M'chilankhulo chimenecho alveus ndi chinthu chogoba mkati: chomwera ziweto, mimba ya bwato, ngakhale khwawa lomwe mtsinje umadutsa. Akafuna kuchepetsa ankati alveolus, monga mmene ife timachepetsera dzenje n'kukhala kadzenje. Kamodzi ndi alveolus, tambiri ndi alveoli, ndipo alveolar ndi mawu ofotokoza, kutanthauza kuti "za kadzenje" kapena "za timaenje". Chimene chinandisangalatsa nditayamba kufufuza mawuwa ndi chakuti Aroma ankatchulanso thabwa lawo lamasewera ndi dzina lomweli. Nthawi yomweyo maganizo anga anapita pa bawo yomwe abambo amasewera pansi pa mtengo wa mango pafupi ndi msika kuno ku Kasungu. Bawo ili ndi mizere 4 ya maenje 8, onse pamodzi 32. Munthu wamkulu amene mano ake onse anamera ali ndi mano 32, ndipo lililonse linakhala m'dzenje lakelake m'fupa la nsagwada, ngati nkhomo m'bawo. Kufanana kwa manambalaku kunangochitika, koma kudzakuthandizani kuti musaiwale.

Tiyambe ndi amayi, chifukwa nkhani yawo ndi ya ululu, siyodikira. Dzenje lomwe muzu wa dzino umakhalamo, madokotala a mano amalitcha alveolus, ndipo fupa lozungulira maenjewo ndi alveolar bone. Dzino likazulidwa, magazi amaundana m'dzenjemo n'kukhala ngati chivindikiro. Pansi pa chivindikiro chimenecho ndi pamene mnofu watsopano umayambira. Magazi oundanawo akachoka msanga, fupa limakhala pamtunda, mphepo ndi chakudya n'kumalikhudza. Ndiye alveolar osteitis imeneyo, kutupa kwa fupa la m'dzenje la dzino. Chizindikiro chake n'chakuti ululu, m'malo mochepa, umakula patapita masiku awiri kapena atatu, umalasa mpaka kukhutu, ndipo m'kamwa mumatuluka fungo. Zimachitika kawirikawiri pa mano akumapeto a m'munsi. Kusuta fodya, kuchukucha mwamphamvu tsiku loyamba, kuyamwa balalo kapena kulitokosa ndi kamtengo, zonsezi zimachotsa chivindikiro chija. Ngati amayi akumvabe kuwawa, chonde abwerere kuchipatala, akatsukemo ndi kuikamo mankhwala. Asaikemo fodya, asipirini wophwanya kapena china chilichonse chimene anansi angawauze. Matendawa amapola, koma kupirira nawo kunyumba n'kudzizunza chabe.

Fupa limeneli lili ndi khalidwe lake. Linakhalapo chifukwa cha mano, ndipo mano akatha nalonso limayamba kuphwera. N'chifukwa chake agogo amene mano onse anatha milomo yawo imalowa mkati, chibwano n'kuyandikira mphuno.

Tsopano tibwere ku kalasi kwanu. Siyani kaye kuwerenga, tsekani pakamwa, ikani nsonga ya lilime kumbuyo kwa mano akutsogolo a m'mwamba. Likokereni m'mbuyo pang'onopang'ono. Mukangochoka pa mano mupeza usinini wolimba, wokhala ndi timizere, wotukuka ngati kamzere ka m'munda. Mukapitirira, lilime ligwera m'mwamba, pomwe denga la m'kamwa layambira kuzama. Kamtunda kameneko, pakati pa mano ndi denga, Azungu amati alveolar ridge. Kokha si kadzenje ayi, ndi chitunda. Kanatenga dzinalo chifukwa mkati mwake ndi momwe muli maenje a mano aja. Akatswiri a zilankhulo anabwereka mawuwa kwa madokotala, pofuna kutchula malo amene lilime limagunda munthu akamalankhula. Choncho liwu la alveolar ndi liwu lopangidwa nsonga ya lilime ikagunda, kapena ikayandikira kwambiri, kamtunda kameneko.

Njira yabwino yomvera zimenezi ndi kutchula mawu anayi awa motsatizana, mosafulumira: mama, nama, nyama, ng'amba. Onse akuyamba ndi liwu lotulukira m'mphuno, koma potsekera mpweya pakusuntha. Pa mama yatseka ndi milomo. Pa nama nsonga ya lilime yakwera pa kamtunda kaja. Pa nyama pakati pa lilime pamata kudenga. Pa ng'amba ndi kumbuyo kwa lilime komwe kwakwera, kufupi ndi kummero. Mwa anayiwa, wa alveolar ndi n wa nama yekha. Ine ndikamaphunzitsa zimenezi ndinkauza ana kuti atseke maso, chifukwa munthu akatseka maso amamva bwino za m'kamwa mwake. Mwana amene anali chete chaka chonse ankatha kufuula kuti, "Aphunzitsi, lilime likubwerera m'mbuyo!" Akafika pamenepo ndiye kuti phunziro lalowa, ngakhale mawu oti alveolar asanawamve n'komwe.

Chichewa chili ndi maliwu ambiri a pamalo amenewa: t, th, d, n, s, z, ts, dz, l ndi r, kuphatikizapo nd ndi nth. Malo ndi amodzi, chosiyana ndi mmene mpweya ukudutsira. Pa t ndi d lilime limatseka kotheratu kenaka n'kutsekula. Pa s ndi z limasiya kampata, mpweya n'kumadutsa mwa mluzu. Pa ts ndi dz limayamba latseka, kenaka n'kumasula pang'onopang'ono, monga mu tsiku ndi dzuwa. Ikani chikhatho patsogolo pa milomo, munene kuti thumba, kenaka matumba. Pa thumba mumva kampweya kakuwomba m'manja, pa matumba ayi, koma lilime lagunda pamodzimodzi. Apa chenjerani mukamadzaphunzitsa Chingerezi: th wathu si th wa mu think. Wa Chingerezi lilime limafika pa mano penipeni, choncho ndi dental, osati alveolar. Ana amene amati "tinki" kapena "sinki" sakulakwa mwaulesi. Akutenga liwu lachilendo n'kuliika pamalo omwe lilime lawo linazolowera.

Pali d wathu wina amene ndimamukonda. Gwirani kholingo ndi zala, munene kuti dengu, kapena dimba. Kholingo limatsika pang'ono, ngati mpweya ukufuna kulowa m'malo motuluka. Tsopano nenani ndiwo. D wa mu ndiwo alibe kutsika kumeneko. Timalemba lembo limodzi, koma m'kamwa ndi maliwu awiri, ndipo mlendo wophunzira Chichewa amadziwikira pa d wa mu dengu ameneyu.

Nanga l ndi r? Onse awiri ndi a pa kamtunda komweko, ndipo m'Chichewa ndi liwu limodzi lovala malaya awiri. Palibe mawu awiri a Chichewa amene amasiyana tanthauzo chifukwa chakuti ena ali ndi l ena r. Bungwe la Chichewa Board, lomwe linakhazikitsidwa mu 1972, linaika lamulo la kalembedwe lakuti r azibwera pambuyo pa i kapena e, monga mu lira, mbiri ndi bwera, ndipo kwina konse tizilemba l, monga mu gula, khola ndi mbale. Mawu ngati lilime salowa m'lamuloli chifukwa li woyambayo ndi mphatikiram'mbuyo. M'Chingerezi zinthu n'zosiyana: pray ndi play ndi mawu awiri, rice ndi lice ndi zinthu ziwiri. Zimandipweteka ndikamva mwana akusekedwa chifukwa cha zimenezi, ngati kuti ndi umbuli. Khutu lake linakula m'chilankhulo chimene sichisiyanitsa awiriwa. Mphunzitsi wodziwa za alveolar ridge sakalipa, amangouza mwanayo kuti: pa l gunditsa lilime pa kamtunda, mpweya udutse m'mbali, pa r wa Chingerezi lilime liyandikire koma lisagunde. Phindu lenileni la mawu amene mukuloweza pokonzekera mayesowa lili pamenepa.

Pongodutsa, ife a ku Kasungu tili ndi mbiri yathu pankhaniyi. Mu 1937 katswiri wa ku America, Mark Hanna Watkins, anasindikiza galamala ya Chichewa, ndipo amene ankamutchulira mawu ku Chicago anali mwana wa kuno, Hastings Kamuzu Banda. Chaka chomwecho Kamuzu anamaliza maphunziro a udokotala ku Meharry Medical College. Munthu mmodzi, mwendo wina ku zilankhulo, wina ku chipatala, monga mmene zilili pakhomo panu.

Tifike kwa achimwene anu. Mukadzapha mbuzi pa Khirisimasi, pemphani mapapo asanawadule. Agwireni: ndi opepuka, ofewa ngati siponji. Kachidutswa mukakaponya m'beseni la madzi kamayandama, pamene chiwindi chimamira. Mukauzira mpweya pa kholingo, amafufuma, mtundu n'kuwala. Chimawachititsa zimenezi ndi timatumba ta mpweya tosaoneka bwino ndi maso, tothinana kumapeto kwa tinjira ta mpweya ngati timaenje ta m'malesa a njuchi. Timeneti ndiye ma alveoli a m'mapapo. Woyamba kutifotokoza anali Marcello Malpighi wa ku Italy, mu 1661, atayang'ana mapapo pa makina okuza zinthu. Munthu wamkulu ali nato pakati pa 300 ndi 500 miliyoni. Kamodzi n'kakang'ono moti tisanu titandandalika timangokwana milimita imodzi, koma mutatiyala tonse pansi tingakute malo a masikweya mita oposa 50, ngati pansi pa nyumba yabwino ya zipinda zitatu. Khungu lake n'lopyapyala kwambiri, ndipo kuseri kwake kuli timitsempha ta magazi. Pamenepo ndi pomwe okosijeni amalowera m'magazi, mpweya woipa n'kutuluka.

Matenda ambiri amene timawadziwa ndi mayina a kwathu amachitikira m'timatumba timeneti. Chibayo ndi pamene tadzaza madzi ndi mafinya, n'chifukwa chake mwana amapuma mofulumira, nthiti zikulowa mkati. Kachilombo ka chifuwa chachikulu kakalowa ndi mpweya kamakafikira momwemo. Utsi wa fodya, mbewu yomwe yaphunzitsa ana ambiri kuno ku Kasungu ndi kwanu ku Mchinji, umang'amba makoma a timatumbati, tambiri n'kusanduka thumba limodzi lolobodoka, ndipo tikang'ambika sitimeranso. Bambo amene anasuta chingambwe zaka zambiri, lero akupuma wefuwefu pongokwera kachulu, vuto lake nthawi zambiri lili pamenepo. Khanda lobadwa masiku asanakwane limavutika kupuma chifukwa mapapo ake sanayambe kupanga mokwanira timadzi totchedwa surfactant, tomwe timaletsa timatumbati kumatana mpweya ukatuluka. Makina a Pumani, amene anapangidwa mogwirizana ndi a Rice University ndi madokotala a ku Queen Elizabeth Central Hospital ku Blantyre, ntchito yake ndi kukankha mpweya pang'onopang'ono kuti timatumba ta khandalo tisafote. Achimwene anu akadzafika ku wodi ya makanda adzawaona.

Adzakumananso ndi mawuwa pa phunziro la kuyamwitsa, chifukwa timatumba topanga mkaka m'bere natonso ndi ma alveoli.

Pa kagwiritsidwe ntchito, gwirani ichi: alveolar sayima yekha, amatsamira pa dzina, ndipo dzinalo ndi limene limakuuzani komwe muli. Mukaona consonant, ridge, stop kapena nasal pambali pake, muli m'kalasi ya zilankhulo. Mukaona bone, nerve kapena osteitis, muli kwa dokotala wa mano. Mukaona sac, duct kapena gas, muli m'mapapo. Alveolus ndi alveoli ndi mawu a kuchipatala okha. Pa mayeso anu musadzalembe kuti t ndi alveolus, mudzalakwa. Mudzakumananso ndi postalveolar, kutanthauza kumbuyo pang'ono kwa kamtunda kaja, komwe kumapangidwira sh wa mu shati.

Mwina mufunsa kuti m'Chichewa tizinena chiyani. Ine maganizo anga ndi akuti tisavutike kufuna liwu limodzi loti linyamule zonse zitatu monga chimachitira Chingerezi. Kwa wodwala, "dzenje la dzino" ndi "timatumba ta mpweya ta m'mapapo" ndi mawu omveka, ndipo namwino amene amawagwiritsa ntchito amachotsa mantha amene kabuku kolembedwa Chilatini kamabweretsa. M'kalasi, "maliwu a pausinini" akukwanira, bola muwaonetse anawo kuti ndi usinini wa m'mwamba, kuseri kwa mano. Alveolar musungire mayeso ndi mabuku a ku koleji. Mukadzapatsidwa Sitandade 1, mudzapeza ana ambiri ali ndi magweru, mano akutsogolo atagweluka. Adzatha kunena tate, dona ndi nena bwinobwino, chifukwa kamtunda kaja kalipo ngakhale mano palibe, koma s wawo adzatuluka mosamveka bwino kufikira mano atsopano atamera. Musadzawalembe kuti sadziwa kuwerenga.

Mundilembere za amayi akabwerako kuchipatala, ndipo muwapatse moni achimwene anuwo.