Musanakonze umboni wa nkhani ya palm civet, dziwani kaye nyama imene mukunena

Mphunzitsi wina wa sayansi pa sukulu ya sekondale ku Thyolo, amenenso amayang'anira kalabu ya zachilengedwe pasukulupo, wandilembera imelo yaitali. Iye ndi ophunzira ake akufuna kulemba nkhani ya m'Chichewa pa Wikipedia yonena za nyama imene m'Chingerezi amaitcha palm civet, koma zolemba zimene akutolamo mfundo zikutsutsana. Kwina awerenga kuti nyamayi ndi ya m'banja la Viverridae, kwina kuti ndi ya m'banja la Nandiniidae. Kwina akuti imadya zipatso za khofi ku Indonesia, kwina akuti imapezeka konkuno ku Malawi. Dzina la katswiri amene anayamba kuifotokoza nthawi zina lili m'mikutiro (mabulaketi), nthawi zina ayi, ndipo malinki angapo a umboni sakutseguka. Akufunsa kuti ayambire pati, aitche chiyani m'Chichewa, komanso ngati angalembemo zoti mnyamata wina wa m'kalabuyo anaiona usiku mumtengo m'mphepete mwa esiteti ya tiyi.

Aphunzitsi, musayambire pa umboni, yambirani pa dzina. Zambiri mwa zolemba zimene mukuziona ngati zotsutsanazo zikunena zoona, kungoti zikunena za nyama zosiyana zimene zinapatsidwa dzina limodzi la Chingerezi. Ku Asia kuli mitundu ingapo yotchedwa palm civet. Imene imadya zipatso za khofi n'kutulutsa njere zimene anthu amatola m'ndowe zake kuti apange khofi wokwera mtengo uja wotchedwa kopi luwak ndi Paradoxurus hermaphroditus. Imene inatchuka pa nthawi ya matenda a m'mapapo otchedwa SARS ndi Paguma larvata. Paradoxurus zeylonensis imapezeka ku Sri Lanka kokha, ndipo Paradoxurus jerdoni imakhala m'mapiri a Western Ghats ku India. Zonsezi ndi za m'banja la Viverridae. Yathu ya kuno ku Africa ndi Nandinia binotata, ndipo m'banja lake la Nandiniidae ilimo yokhayokha.

Nandinia ndi kanyama kolemera pafupifupi makilogalamu awiri, ka ubweya wambiri wofiirira wokhala ndi mawanga akuda osaoneka bwino, ndipo mchira wake ndi wautali kuposa thupi. Pamapewa pake pali timadontho tiwiri toyererako, kamodzi mbali iyi kena mbali inayo. Kamayenda usiku, nthawi yambiri kamakhala m'mwamba m'mitengo ya m'nkhalango zosagwa masamba, ndipo kamatha kutsika mumtengo chozondoka, mutu uli pansi. Chakudya chake chachikulu ndi zipatso, ngakhale kuti kamagwiranso mbewa, mbalame ndi tizilombo. Kamapezeka kuyambira kumadzulo kwa Africa, kudutsa nkhalango za Congo, mpaka ku Kenya, Tanzania, Malawi, Mozambique ndi kum'mawa kwa Zimbabwe.

Kusiyana kwa mabanja kumene kwakusokonezani kuli ndi mbiri yake, ndipo mbiriyo iyenera kulowa m'nkhani yanu. M'chaka cha 1830 John Edward Gray anafotokoza nyamayi n'kuitcha Viverra binotata, ndipo mu 1843 iye yemweyo anaipatulira gulu lakelake, jenasi ya Nandinia. Mu 1929 Reginald Pocock ananena kuti nyamayi ndi yosiyana kwambiri ndi zinzake moti iyenera kukhala ndi banja lake, koma kwa zaka zambiri olemba mabuku ena anapitirizabe kuiika m'banja la Viverridae. Kafukufuku wa DNA ndiye anadzatsimikizira ganizo la Pocock, pakuti anasonyeza kuti mzere wa Nandinia unapatuka kale kwambiri, mphaka, fisi, msulu ndi chombwe asanasiyane okhaokha. Izi zikutanthauza kuti chombwe amene amadutsa m'minda yathu ali pachibale chapafupi ndi palm civet wa ku Indonesia, ngakhalenso ndi fisi, kusiyana ndi Nandinia amene amagona m'nkhalango imodzi ndi iye. Choncho buku lakale likati Viverridae silinalakwe pa nthawi yake, ndipo simuyenera kulitaya. Lembani kuti kale inkawerengedwa m'banja limeneli, muike buku lakalelo ngati umboni wa chiganizo chimenecho, kenako mulembe za banja la lero ndi umboni wa lero.

Mikutiro, imene ambiri timangoti mabulaketi, ndi pamene akonzi a mtima wabwino amawonongera nkhani. Munthu amaona kuti dzina lina lalembedwa Nandinia binotata (Gray, 1830), lina Paradoxurus jerdoni Blanford, 1885, ndiye pofuna kuti zonse zioneke mofanana amaika mikutiro paliponse kapena kuichotsa paliponse. Kumeneko n'kufufuta mfundo. Malamulo a katchulidwe ka mayina a nyama, amene amadziwika ndi chidule choti ICZN, amanena kuti dzina la wofotokoza ndi chaka zimalowa m'mikutiro pokhapokha ngati mtunduwo unasamutsidwa kuchoka mu jenasi imene unaikidwamo poyamba. Gray anayamba ndi Viverra, nyamayo inasamukira ku Nandinia, ndiye mikutiro ilipo. William Blanford anaika jerdoni mu Paradoxurus kuyambira pachiyambi ndipo ikadali momwemo, ndiye mikutiro palibe. Paguma larvata nayo ili ndi mikutiro chifukwa Charles Hamilton Smith mu 1827 anaitcha Gulo larvatus.

Onaninso mathero a dzina limeneli, kuti larvatus inasanduka larvata. Zimenezi zimachitika chifukwa mawu achiwiriwo akakhala mfotokozi amagwirizana ndi jenasi imene alowamo, monga momwe Viverra hermaphrodita ya Peter Simon Pallas ya mu 1777 inasandukira Paradoxurus hermaphroditus. Ophunzira anu akapeza kalembedwe kakale m'buku la zaka mazana awiri zapitazo asakonze mawu a m'bukulo. Alilembe monga momwe lilili m'gawo la mbiri ya dzina, ndipo kwina konse agwiritse ntchito dzina la lero, m'zilembo zopendekera, jenasi yoyamba ndi chilembo chachikulu, mawu achiwiri ndi chaching'ono. Dzina la banja silipendekera.

Pali dzina lina limene mudzakumana nalo mukayamba kufufuza m'zolemba za dziko lino. Mu 1893 Oldfield Thomas wa ku British Museum anafotokoza nyama yochokera kum'mwera kwa Nyasaland n'kuitcha Nandinia gerrardi, poganiza kuti wapeza mtundu wachiwiri. Akatswiri a pambuyo pake anaibwezera mkati mwa Nandinia binotata. Musaitsegulire tsamba lakelake ngati nyama ina, koma muitchule m'nkhani imodzi yomweyo, pakuti kwa wowerenga wa ku Thyolo kapena ku Mulanje n'chinthu chofunika kudziwa kuti chigawo chathu chili m'mbiri ya sayansi ya nyamayi.

Za kugawa mitundu ya ku Asia sindichedwapo, popeza nkhani yanu ndi ya nyama ya kuno. Mu 2009 Colin Groves ndi anzake ananena kuti palm civet wa ku Sri Lanka agawidwe m'mitundu ingapo, koma kafukufuku wa DNA wa Géraldine Veron ndi anzake wa mu 2015 sanagwirizane nazo, ndipo m'malo mwake anati Paradoxurus hermaphroditus ndiye agawidwe patatu. Pamene akatswiri akusiyana chonchi, insaikulopediya siweruza mlandu. Imanena kuti uje ananena chakuti m'chaka chakuti, ndipo mndandanda umene ikutsatira ndi wakuti.

Tsopano tibwere pa umboni weniweniwo. Kanambala kamene kali kumapeto kwa chiganizo sikatsimikizira kanthu mpaka wina atatsegula gwerolo n'kuwerenga. Ntchito imeneyi ndi yotopetsa ndipo ambiri amaizemba, koma ndiyo imene ndikanagawira ophunzira, aliyense chiganizo chimodzi ndi gwero lake, n'kumuuza kuti apeze tsamba ndi mzere pamene mfundoyo yalembedwa, aonenso dzina la sayansi la nyama imene wolembayo ankanena. Chitsanzo cha SARS chikuonetsa chifukwa chake. Mu 2003 ofufuza anapeza kachilombo kofanana ndi ka matendawa mwa nyama zogulitsidwa zamoyo pamsika wina m'chigawo cha Guangdong ku China, ndipo kumayambiriro kwa 2004 boma la chigawocho linalamula kuti nyamazo ziphedwe zikwizikwi. Mu 2005 kunadziwika kuti gwero lenileni la tizilombo ta mtunduwu ndi mileme. Nyuzipepala zinkangolemba kuti civet, osanena mtundu wake. Mkonzi wosasamala akhoza kutenga nkhani ya m'nyuzipepala yoteroyo n'kuiika ngati umboni pa tsamba la Nandinia kapena la chombwe, ndipo chiganizocho chidzaoneka chokhwima, chokhala ndi kanambala kake, chikhalirecho chikunamizira nyama ya ku Africa mlandu wa Paguma larvata. Kwathu kuno, kumene nyama yoganiziridwa kuti imabweretsa matenda siichedwa kuphedwa, cholakwika chotere sichithera pa kompyuta.

Samalaninso ndi masamba a pa intaneti amene anakopera mawu awo ku Wikipedia komweko. Tsamba lotere lili ngati mboni ya pabwalo la amfumu imene ikafunsidwa kuti inaona chiyani imati inamva kwa mwini dandaulo yemweyo. Mukaona kuti ziganizo zake zikufanana liwu ndi liwu ndi nkhani imene mukukonza, ndipo palibe dzina la wolemba kapena chaka, lisiyeni. Linki ikakhala kuti sikutseguka, musafulumire kufufuta umboniwo, chifukwa kawirikawiri tsamba lakalelo limapezeka losungidwa pa Wayback Machine ya Internet Archive. Zolemba zakale za Gray, Thomas ndi anzawo zambiri zinajambulidwa ndipo zimawerengedwa kwaulere pa Biodiversity Heritage Library, ngakhale kuti masamba ake amadya bandulo, choncho ndi bwino kudziwiratu voliyumu ndi tsamba limene mukufuna musanatsegule.

Pa mayina ovomerezeka, akonzi ambiri amadalira buku la Mammal Species of the World la mu 2005, limene gawo lake la nyama zodya nyama linalembedwa ndi W. C. Wozencraft, pamodzi ndi Mammal Diversity Database imene imakonzedwa kawirikawiri. Pa funso lakuti nyama ili pangozi yotha kapena ayi, gwero ndi mndandanda wa bungwe la dziko lonse loteteza zachilengedwe la IUCN, umene mu 2015 unaika Nandinia binotata m'gulu la nyama zosadetsa nkhawa kwenikweni. Lembani chaka chimene kuunikako kunachitika, osati chaka chimene inu munatsegula tsambalo chokha, ndipo musalole kuti chiganizocho chimveke ngati chikunena za Malawi. Ndi chigamulo cha Africa yense, chodalira kwambiri nkhalango zikuluzikulu za pakati pa kontinenti, pamene aliyense woyang'ana phiri la Thyolo lero akuona yekha kuti nkhalango imene inali pamwamba pake inasanduka minda. Pa za malo amene nyamayi inalembedwapo m'dziko muno, funani buku la W. F. H. Ansell ndi R. J. Dowsett la mu 1988 lonena za nyama zoyamwitsa za m'Malawi, ndipo malo oyamba kufunsako ndi laibulale ya Society of Malawi ku Mandala mu Blantyre. Potchula buku losindikizidwa muike nambala ya tsamba, chifukwa kungotchula buku lonse n'kumutuma wowerenga kukasaka yekha.

Dzina la Chichewa ndilo ndikukupemphani kuti musalithamangire. Chombwe, amene ena amati fungwe, ndi Civettictis civetta, nyama yaikulu ya mawanga akuda ndi oyera imene imayenda pansi. Ophunzira anu amene amadzera m'tinjira ta m'mphepete mwa tiyi m'mamawa ayenera kuti anaonapo chimbudzi chake, mulu wa ndowe pamalo amodzimodzi wodzaza ndi njere za zipatso ndi timphete toyera ta zikamba za bongololo. Mwiri ndi wina, wowonda, wa mchira wa mizere yozungulira yooneka bwino. Changa ndiye sali n'komwe m'gulu limeneli, ngakhale kuti maso onyezimira mumtengo usiku anthu amathamangira kunena kuti ndi ake. Kuno Chimang'anja, Chilomwe ndi Chiyao zimakhalira limodzi, ndipo dzina limodzi likhoza kutanthauza nyama ina mudzi uno, nyama inanso kutsidya kwa mtsinje. Mukamasulira dzina la Chingerezi kuti chombwe wa m'kanjedza mudzakhala mwapeka dzina limene palibe mlenje amalidziwa, ndiponso mwabwezera nyamayi m'banja limene sayansi inaichotsamo. Mutu wa nkhani ukhale Nandinia binotata, ndipo dzina lililonse la kuno lilowe mkati pokhapokha mutapeza buku limene laika dzinalo pambali pa dzina la sayansi, n'kunena chilankhulo ndi dera limene linamveka. Tsiku limene mudzafune kusintha mutuwo, gwiritsani ntchito batani losamutsira tsamba m'malo mokopera mawu n'kukawamata kwina, kuti mbiri ya amene analemba isatayike.

Zimene mnyamata uja anaona sizingalowe m'nkhaniyo monga umboni, ngakhale atakhala kuti anaona bwino, chifukwa Wikipedia imalandira zokhazo zimene zinasindikizidwa kale kwina kumene wowerenga angakazipeze. Koma musamugwetse ulesi. Alembe tsiku, nthawi, malo ndi mtundu wa mtengo, ndipo akadzaionanso ayesetse kujambula chithunzi choonetsa mapewa ndi mchira. Chithunzicho achiike pa iNaturalist, tsamba la pa intaneti limene anthu amaikapo zithunzi za zamoyo zimene aona, kuti odziwa atsimikizire mtundu wake, adziwitsenso a Wildlife and Environmental Society of Malawi kapena a Mulanje Mountain Conservation Trust. Chikatsimikizidwa, akhoza kuchipereka ku Wikimedia Commons, nkhokwe ya zithunzi zimene Wikipedia imagwiritsa ntchito, ndipo kuchokera kumeneko chingaikidwe pamwamba pa nkhani yanu ndi mawu onena malo ndi chaka chimene chinajambulidwa.