Yankho kwa achimwene ofuna kuulutsa ndege zankhondo pa kompyuta

Achimwene, mwafunsa kuti mungayambe ndi masewera ati oulutsa ndege zankhondo pa kompyuta yakale imene munagula ku Limbe, ndipo mwati mukufuna ofanana kwambiri ndi ndege yeniyeni. Ine ndikukulangizani kuti muyambe ndi Falcon BMS.

Masewera amenewa achokera kutali. Pamene kampani ya MicroProse inatulutsa F-15 Strike Eagle ya katswiri wopanga masewera Sid Meier mu 1984, pa sikilini pankaoneka mizere ndi mitundu yochepa chabe, ndipo ntchito yaikulu inali kulozetsa ndi kuwombera. Falcon yoyamba, ya ndege ya F-16, inabwera mu 1987, koma kusintha kwakukulu kunadza ndi Falcon 4.0 mu 1998. M'menemo nkhondo ya ku Korea imayenda yokha kaya inu muuluke kapena ayi, moti mlatho umene mwaphulitsa m'mawa mumaupeza uli wogumukabe madzulo, asilikali a mdani akusowa powolokera. Kwa ine, palibe masewera ena amene afikapo pamenepa mpaka lero. Okonda masewerawa ndiwo anapitiriza kuwakonza mwaulere n'kuwatcha BMS. Inu mungogula Falcon 4.0 yakaleyo, yomwe ndi yotchipa, pa Steam (sitolo ya masewera ya pa intaneti), kenako muikepo BMS osalipira kanthu.

Anzathu ena m'gulu muno akuuzani za masewera a DCS World a kampani ya Eagle Dynamics, ndipo sakunama, chifukwa kukongola kwake n'kodabwitsa ndiponso ndege ya Su-25T amaipereka ulere. Vuto ndi lakuti imafuna kompyuta yamphamvu, kuitsitsa kumadya magigabaiti ochuluka zedi pamene mtengo wa bandulo mukuudziwa, komanso ndege zambiri amazigulitsa imodziimodzi ndi madola. Ngati mtima wanu uli pa nkhondo yachiwiri ya padziko lonse, IL-2 Sturmovik ya 2001 ndi yopepuka ndipo idzakukwanirani.

Ndalama imene muli nayo muyambe mwagulira joystick (kamtengo kowongolera ndege), ngakhale yotsika mtengo, pakuti kutera ndi kiyibodi kumagwetsa ulesi msanga. Mabuku a BMS ali ndi masamba mazanamazana m'Chingerezi, koma zimenezo zisakuopseni. Sabata zoyambirira musakhudze mizinga. Phunzirani kuliza injini, kunyamuka, kuzungulira bwalo ndi kutera, mofanana ndi mmene mumaonera ndege zikutsetsereka pang'onopang'ono polowa pa Chileka. Mukatera kasanu motsatizana osathyola matayala, mudzandiuze kuti tiyambe za radar.