Mwana wanga akukana sukulu ya akaunti, akuti azilemba mafilimu

"Mwana wanga wamwamuna wakhoza MSCE ndipo tamupezera malo oti akaphunzire za akaunti. Iye akukanitsitsa, akuti akufuna kukhala wolemba nkhani za mafilimu. Usiku wonse amangokhalira kulemba m'kope. Kodi ndimutani?" Watero mayi wina wa ku Dedza.

Mayi, kopelo musamulande, komanso malo a sukuluwo musawabweze. Mukhale naye pansi mumufotokozere za Shinobu Hashimoto, wolemba nkhani za mafilimu wa ku Japan.

Hashimoto anabadwa mu 1918 m'chigawo cha Hyogo. Atalowa usilikali mu 1938 anadwala chifuwa chachikulu, n'kukagonekedwa zaka zingapo ku chipatala cha ku Okayama. Kumeneko wodwala mnzake anamubwereka magazini ya mafilimu, ndipo m'menemo anawerenga sikiripiti, nkhani yolembedwa kuti ijambulidwe kukhala filimu. Anati iyenso angathe, mwina kuposa pamenepo. (Matama ameneŵa ndikhulupirira mukuwadziŵa bwino kunyumba kwanuko.) Koma sanathere pakamwa. Anafunsa kuti katswiri pa ntchitoyi ndani, anamuuza kuti ndi Mansaku Itami, iye n'kulemba yake n'kumutumizira. Itami anayankha, akumusonyeza zolakwika mosanyengerera, ndipo anapitiriza kumuwongolera mpaka pamene anamwalira mu 1946.

Apa ndi pamene mnyamata wanu atchere khutu. Atatuluka m'chipatala, Hashimoto ankadyera ntchito yoŵerengera ndalama pa kampani ina, akaunti yomwe mwana wanu akuikanayo, n'kumalemba akaŵeruka. Sikiripiti imene anailemba kuchokera ku nthano ya mlembi Ryunosuke Akutagawa inafika m'manja mwa Akira Kurosawa, katswiri wokonza mafilimu, yemwe anamuuza kuti yafupika, ikufunika kuwonjezera. Anailembanso. Filimu yake, Rashomon, inatuluka mu 1950 Hashimoto ali ndi zaka 32, ndipo mu 1951 inapata mphoto yaikulu ya Golden Lion ku Venice, m'dziko la Italy. Ntchito ya mu ofesi anadzaisiya filimuyo itatuluka kale. Kenako analemba nawo mafilimu a Ikiru ndi Seven Samurai pamodzi ndi Kurosawa ndi Hideo Oguni, atadzitsekera m'nyumba ya alendo kwa masabata. Anamwalira mu 2018 ali ndi zaka 100.

Ndiye mugwirizane naye chonchi. Apite kusukuluko, inu musamuletse kulemba. Pofika tchuthi choyamba akhale atamaliza sikiripiti imodzi yaifupi, masamba khumi okha, yokhala ndi poyambira ndi pothera. Asakuŵerengereni inu, chifukwa mayi saona cholakwa pa mwana wake. Akaipereke kwa munthu wodziŵa, kaya mphunzitsi wa zisudzo kaya wina amene anajambulapo filimu.

Ine ndimaonera luso la mwana pa tsiku limene pepala lake labwerako lodzaza inki yofiira. Mudzandilemberenso mundiuze ngati anakwiya n'kuponya kopelo pansi pa bedi, kapena anapempha ndalama ya kope lina.