Za apilo ya amalume anu imene bwalo laithetsa

Achemwali, mwafunsa kuti zatheka bwanji kuti Bwalo Lalikulu lithetse apilo ya amalume anu a ku Linthipe osawamva n'komwe, chonsecho anapereka chikalata chawo zaka ziwiri zapitazo, atagonja pa mlandu wa ngongole ya mbatata ya kachewere kubwalo la majisitireti pa boma la Dedza. Ndikuyankha chifukwa zimenezi zinatigwerapo pabanja pathu.

Apilo siyenda yokha. Amene sanakhutire ndi chigamulo ndiye mwini wake, ndipo ndi udindo wake kulondoloza kuti akalaliki akonze zolembedwa zonse za mlanduwo, kuti zifike ku Bwalo Lalikulu ku Lilongwe kumene apilo za kuno zimamvedwa, kuti mbali inayo ilandire mapepala, ndiponso kuti tsiku lomvera nkhaniyo lipemphedwe. Malamulo oyendetsera milandu yotere ku Bwalo Lalikulu, amene anayamba kugwira ntchito mu 2017, amalola bwalo kufufuta mlandu popanda kuchenjeza aliyense ngati papita miyezi 12 pasanachitike kanthu, ndipo amene anapambana uja nayenso akhoza kupempha kuti nkhaniyo ithetsedwe.

Ngakhale zimapweteka, ine sindiona kuti lamuloli ndi lankhanza. Taganizirani wokongoza uja, amene bwalo linamuuza kuti alipidwe koma wakhala akudikira mpaka lero: mu November 2023 mokha ndalama ya kwacha inachepetsedwa mphamvu ndi 44 peresenti, kotero kuti ndalama zimene zikanagula matumba angapo a feteleza pa nthawi ya chigamulo, lero sizingafikeko. Alipo anthu ena amene amachita apilo pongofuna kuzengereza kulipira, ndipo lamuloli linaikidwa poganizira oterowo.

Bambo anga sanali mmodzi wa iwo. Atachita apilo pa mlandu wawo, lisiti la apiloyo analikulunga m'pepala la shuga n'kuliika pansi pa sutikesi, ali ndi chikhulupiriro chonse kuti tsiku lina abwalo adzawaitana, ndipo tinadzidzimuka titaona asherifu pakhomo akuwerenga mbuzi. Apilo ikathetsedwa, chigamulo cha majisitireti chimakhala chilili, ndipo ngati panali lamulo loimitsa kulanda katundu podikira apiloyo, limathera pomwepo. N'chifukwa chake ndikukupemphani kuti musagone.

Dziwaninso kuti woweruza sananene kuti amalume analakwa pa nkhani ya ngongoleyo, wangoona kuti apilo inasiyidwa, choncho n'zotheka kupempha kuti ibwezeretsedwe. Pitani nawo ku ofesi ya kaundula wa Bwalo Lalikulu ku Lilongwe, mukatenge kope la lamulo lothetsa apiloyo ndi kuona zimene zili m'failo. Pempho lobwezeretsa limafuna chikalata cholumbira chofotokoza kuchedwako mwatsatanetsatane, ndi kusonyeza kuti apiloyo ili ndi mfundo zomveka. Kungonena kuti samadziwa kawirikawiri sikukwanira. Ngati anadwala, atenge buku lawo la kuchipatala. Ngati kuchedwako kunachokera kubwalo laling'ono kumene zolembedwa sizinataipidwe, kalata iliyonse yokumbutsa imene ili ndi chidindo cha bwalo idzawathandiza kwambiri. Woweruza akhoza kuvomera koma n'kulamula kuti alipire zimene mbali inayo yawononga, kapena kukana kumene.

Ngati ndalama za loya palibe, afike ku Legal Aid Bureau, ofesi ya boma yothandiza pa milandu anthu osakwanitsa kulipira loya, sabata ino, atanyamula chigamulo cha ku Dedza, malisiti onse ndi kalata iliyonse imene alandira yokhudza apiloyo.